Ndende m'Nthano ndi m'Mabuku Athu

Pa 24 Disembala 1981, anthu ali kalikiliki kukonzekera Khirisimasi, Orton Chirwa, mkazi wake Vera ndi mwana wawo Fumbani anagwa m'manja mwa apolisi a boma la Malawi kumalire a Mchinji ndi Chipata. Pamenepa palibe amene amatsutsa. Mkangano unali poti phazi lawo linaponda mbali iti ya malire pa nthawi imene ankagwidwayo. Boma linalengeza kuti linawapeza ali kale m'dziko muno, atalowa mozemba kudzagwetsa ulamuliro wa Kamuzu Banda. Eni akewo anakanitsitsa: anachita kubedwa ali ku Zambia n'kuolotsedwa mokakamiza.

Wodziwa dera limeneli sangadabwe kuti nkhani ziwiri zotere zinatheka. Malire a ku Mchinji si mtsinje woti munthu n'kuloza kuti tsidya ndi ilo. Amangotsata mtunda umene umagawa madzi: mvula yogwa mbali ino imatsikira mu Bua n'kukathera m'nyanja, yogwa mbali inayo imalowera ku Luangwa. Pamtundapo pali minda, midzi ndi tinjira, ndipo anthu amaoloka tsiku ndi tsiku kupita kumaliro, kumsika kapena kuchigayo osaona chidindo cha pa chipata cha malire cha Mwami. Galimoto ikakutengani usiku m'tinjira timeneti, ndani angakuikireni umboni kuti munali m'dziko liti?

Mlandu wawo woukira boma unazengedwa m'bwalo la milandu la mafumu la chigawo cha kummwera, ku Soche mumzinda wa Blantyre, kumene loya sankaloledwa kuimira munthu. Orton ndi Vera, onse maloya ophunzira ku London, anadziyankhulira okha. Mu Meyi 1983 anawagamula kuti aphedwe, ndipo mu 1984 chilangocho chinasinthidwa kukhala cha moyo wonse m'ndende. Anawatsekera ku Zomba, m'ndende imodzi koma osaonana. Anadzakumana mu 1992, patatha zaka zisanu ndi zitatu, pamene gulu la maloya a ku Britain linaloledwa kudzawazonda. Patangopita milungu yochepa, pa 20 Okutobala, Orton anamwalira m'ndendemo, ndipo mkazi wake sanaloledwe kukakhala nawo pamaliro. Vera anatuluka mu Januwale 1993.

Zaka zonsezo Amalawi ankamva mbali imodzi yokha, ya pa wailesi ya MBC. Mbali inayo, yonse bwinobwino, inadzafika mu 2007 pamene Vera Chirwa anatulutsa buku la moyo wake, Fearless Fighter. Nkhani ya ndende imakhala choncho kulikonse: wotsekera amayamba kuyankhula, wotsekeredwa amayankha mochedwa ngati watuluka wamoyo, ngati amatha kulemba, ndiponso ngati wapeza womusindikizira. Misampha itatu imeneyi ndi imene yasankha nkhani za ndende zimene tili nazo ndi zimene tilibe.

Kalulu sanalowepo m'chitolokosi

Fufuzani m'nthano zathu zakale, simupezamo ndende. Kalulu, mpandu wamkulu wa nthano zonse, amakana kukumba nawo chitsime m'chaka cha chilala, kenaka amabwera usiku kudzatunga ndi kusambamo. Alonda amawanyengerera ndi uchi, iwo n'kuvomera kumangidwa, iye n'kumwa madzi mwaufulu, mpaka Kamba adzamugwire. Muli zingwe, muli mbuna, muli misampha, muli bwalo la nyama zonse likuweruza. Koma mulibe nyumba yosungiramo wolakwa kwa zaka. Ndipo taonani amene amamangidwa kawirikawiri: ndi mlonda, osati wakuba.

Chifukwa chake n'chosavuta. Makolo athu anali ndi njira zina zothetsera milandu. Wolakwa ankalipa mbuzi, nkhuku kapena makasu, ndipo abale ake ankathandiza kulipako. Wokana mlandu ankamwa mwavi. Wosamva ankamupirikitsa m'mudzi, ndipo pa milandu yoopsa banja linkapereka munthu kuti akakhale kapolo kwa olakwiridwa. Tisadzinamize kuti inali nthawi yachifundo; goli la akapolo ndi mwavi zinapha anthu ambiri. Koma kumutsekera munthu wamphamvu zake n'kumamudyetsa, khasu lake lili gone, kukanaoneka ngati misala.

Ndende inabwera ndi boma la atsamunda, ndipo Mchinji inailawa msanga. Mu Januwale 1898 asilikali a Angerezi anathira nkhondo Angoni a Mpezeni. Nsingo, mwana wa mfumu amene ankatsogolera nkhondo, anaphedwa atagwidwa. Mpezeni mwini, ali nkhalamba, anamutengera ku Fort Manning, kumene lero timati ku Mchinji, n'kumusunga kumeneko pafupifupi chaka asanamubwezere kwawo, kumene anamwalira mu 1900. Mwambo wa Nc'wala unazima nthawi yomweyo mpaka unadzatsitsimutsidwa mu 1980. Mkaidi wotchuka woyamba wa ku Mchinji ameneyu sanasiye tsamba ngakhale limodzi. Zimene zinamuonekera timazimva kwa amene anamugonjetsa, m'malipoti awo, ndi kwa zidzukulu zake pakamwa.

Anthu wamba anaidziwa ndende chifukwa cha msonkho wa nyumba. Wolephera kukhoma ankagwidwa, ndipo nthawi zina amesinjala ankatenga mkazi wake kuti mwamuna adzatulukire komwe wabisala. Motero kuyambira pachiyambi Amalawi anadziwa kuti munthu atha kumangidwa osaba kanthu, osapha munthu. Baibulo linadzatsimikiza zomwezo. Buku Lopatulika litatuluka lathunthu mu 1922, owerenga anakumanamo ndi Yosefe woponyedwa m'ndende chifukwa cha bodza la mkazi wa Potifara, Yeremiya m'chitsime cha thope, Paulo ndi Sila akuimba usiku ku Filipi mapazi ali m'matangadza. Mkaidi wosalakwa anafika m'Chichewa kudzera pa guwa, ndipo mpaka lero alaliki amamudziwa bwino kuposa alembi athu a nkhani.

Chinthu china chimene ambiri sadziwa n'chakuti imodzi mwa mbiri zoyambirira za John Chilembwe zolembedwa ndi munthu wakuda inalembedwera m'ndende. George Simeon Mwase, amene anali kalaliki wa boma, anamangidwa pa mlandu wa ndalama, ndipo ali ku Zomba cha m'ma 1931 ndi 1932 anamva nkhani ya kuukira kwa 1915 kwa Wallace Kampingo, mmodzi mwa otsatira Chilembwe amene anali m'ndende. Anailemba, n'kulembanso za moyo wa akaidi monga anauonera. Zolembazo zinagona m'nkhokwe ya boma zaka zoposa 30, mpaka Robert Rotberg anazisindikiza mu 1967 pa mutu wakuti Strike a Blow and Die. Mwase sanali mkaidi wandale. Anali womangidwa pa mlandu wamba, ndipo mwina n'chifukwa chake anaona zimene andale obwera pambuyo pake sanazilabadire kwenikweni.

Kuchokera ku Gwelo kufika ku Mikuyu

Pa 3 Malichi 1959 bwanamkubwa Robert Armitage analengeza kuti zinthu zafika poopsa m'dziko, ndipo mamembala a Nyasaland African Congress anagwidwa m'mazana. Ena anawatsekera ku Kanjedza mu Limbe, ena anawatumiza ku Southern Rhodesia. Kamuzu anakakhala m'ndende ya Gwelo kumeneko mpaka pa 1 Epulo 1960. Kuchokera pamenepo ndende inasanduka ulemu. Kwa zaka 30 Kamuzu anabwereza nkhani ya Gwelo pamisonkhano, amayi anaiimba, ana asukulu anailoweza pamodzi ndi maloto atatu amene ankati anawalota ali komweko: likulu ku Lilongwe, yunivesite, ndi msewu wa m'mbali mwa nyanja. Palibe nkhani ya ndende imene inafotokozedwapo kambirimbiri m'dziko muno ngati imeneyi, ndipo inali ya munthu amene anakhalamo miyezi 13 yokha. Amene anamusungira mpando ali ku Gwelo, poyambitsa Malawi Congress Party mu 1959 n'kudzaipereka m'manja mwake, anali Orton Chirwa yemwe uja.

Boma la mkaidi wa ku Gwelo ndi limene linamanga Mikuyu, kufupi ndi Zomba, kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1970, kuti muzikhala anthu otsekeredwa popanda kuzengedwa mlandu. Mabuku athu odziwika a za ndende anabadwira m'menemo.

Sam Mpasu anamangidwa mu 1975 chifukwa cha buku lake lopeka, Nobody's Friend, limene apolisi a Special Branch anati likunena Kamuzu. Anakhala zaka ziwiri osaonekera kukhoti. Mu 1995 analemba Political Prisoner 3/75. Nambalayo ndi imene anapatsidwa, kutanthauza wachitatu kutsekeredwa m'chaka chimenecho. Kukoma kwa bukuli n'kwakuti Mpasu salira kwambiri. Amafotokoza mosapsa mtima, nthawi zina moseketsa, mmene munthu ankafunsidwira mafunso ndi anthu oti bukulo sanalimvetse. Ndipo mbiri yeniyeni inamupatsa mathero amene wolemba nkhani zopeka akanachita nawo manyazi: Focus Gwede, mkulu wa Special Branch amene anatsekera anthu ochuluka, anagwidwa mu 1976 pamodzi ndi Albert Muwalo, mlembi wamkulu wa chipani. Muwalo ananyongedwa mu 1977, Gwede anakhala m'ndende mpaka 1993, ndipo kugwa kwawo ndi kumene kunatsegulira chitseko andende ambiri, Mpasu ali m'gulu lomwelo. (Mpasu anadzakhala sipikala wa Nyumba ya Malamulo, ndipo mu 2008 anabwereranso kundende, ulendo uno atazengedwa mlandu wokhudza makope a sukulu. Moyo susamala kuti buku linathera pabwino.)

Jack Mapanje, mkulu wa gawo la Chingerezi ku Chancellor College, anagwidwa pa 25 Sepitembala 1987 ku Gymkhana Club mu Zomba. Ndakatulo zake za mu Of Chameleons and Gods, za 1981, zinali zitachotsedwa kale m'masitolo ndi m'masukulu. Anatuluka mu Meyi 1991 osauzidwa chimene analakwa. Ku Mikuyu cholembera ndi pepala zinali zoletsedwa, choncho ndakatulo ankazipeka m'mutu n'kumazibwereza kuti zisathawe. Makalata opita kunja ankalembedwa pa timapepala tokulungira sopo ndi pa mapepala a kuchimbudzi, ndipo ankatuluka nawo ndi msilikali wa ndende yemweyo amene ntchito yake inali kuonetsetsa kuti kanthu kasatuluke. Ankafika kwa anzake monga wansembe Pádraig Ó Máille ndi David Kerr, iwo n'kuuza dziko lonse.

Chimene Mapanje anachita bwino kuposa onse ndi kusankha zoyang'ana. Mu The Chattering Wagtails of Mikuyu Prison, ya 1993, sayambira pa mawu akuluakulu onga ufulu ndi chilungamo. Amayang'ana timbalame timene tinkagona pa waya wotchinga pamwamba pa bwalo la ndende n'kumanyerera akaidi, makoma amene ena anakandapo mayina awo, foya yonyansa yovala, anankafumbwe m'nyemba, ndi kuvulidwa pochita chipikisheni. Boma limene limadzitcha la bata ndi mtendere likaonetsedwa kudzera m'zitosi za mbalame, ulemu wake umatha mosavuta kuposa likanatukwanidwa. Mu 2002 anasonkhanitsa zolemba za andende a mu Africa monse m'buku la Gathering Seaweed, ndipo mu 2011 anatulutsa mbiri ya ukaidi wake, And Crocodiles Are Hungry at Night. M'menemo mumapezeka Mikuyu ngati mudzi wa anthu ophunzira: Aleke Banda, amene anatsekeredwa kuyambira 1980 mpaka 1992, Brown Mpinganjira, ndi George Mtafu, dokotala wa opaleshoni ya ubongo.

Chitseko chikatsekedwa, nkhani yatha

Mabuku onsewa ndi a m'Chingerezi. Mayi wa kwa Mkanda kapena kwa Mavwere ku Mchinji amene mwamuna wake anatengedwa usiku chifukwa chosowa khadi la chipani sangawawerenge, ngakhale akunena za nthawi yake yomwe.

Tsono yang'anani mmene ndende imaonekera m'zolemba za Chichewa: nkhani zazifupi za m'nyuzipepala za kumapeto kwa sabata, masewero a pa wailesi onga Sewero la Sabata Ino, ndi mabuku ambiri a kusukulu. Kawirikawiri ndende imabwera m'ndime yomaliza. Wolanda chuma cha amasiye, sing'anga wachinyengo kapena kalaliki wosolola ndalama amagwidwa, woweruza amagamula zaka zakutizakuti akugwira ntchito yakalavulagaga, mlandu suola, nkhani yathera pomwepo. Kwa Mapanje ndi Mpasu chitseko chikatsekedwa ndiye kuti nkhani yayamba. Kwa ife olemba m'Chichewa chikatsekedwa timaika cholembera pansi. Wowerenga amatsala panja, ali wokhutira kuti woipa walandira zake, ndipo safunsa kuti m'katimo adya chiyani, agona pati, ana ake asamalidwa ndi yani.

Poyamba panali chifukwa chomveka. Bungwe lounika mabuku ndi zisudzo, limene linakhazikitsidwa ndi lamulo la 1968, silikanalola nkhani yoonetsa mkaidi wosalakwa, makamaka m'chinenero chimene aliyense akumva. Ngakhale kampani yosindikiza mabuku ya Dzuka inali m'gulu la makampani a Kamuzu. Olamulira ankadziwa kuti choopsa ndi chinenero cha anthu. Ku Kenya, Ngũgĩ wa Thiong'o analemba mabuku odzudzula boma m'Chingerezi kwa zaka zambiri ali mfulu. Anamangidwa mu Disembala 1977 atachititsa sewero m'Chigikuyu ndi anthu a m'mudzi wa Kamĩrĩĩthũ. Ali ku ndende ya Kamiti anayankha polemba buku lonse lopeka m'Chigikuyu chomwecho, pa mapepala a kuchimbudzi. Kwathu kuno mantha aja anatha mu 1994, koma chizolowezi chinatsala. Ine ndimaona ngati ndi ulesi wa luso: ndende ndi njira yachidule yothetsera nkhani imene wolemba wasowa poithera.

Amene anatsala kunja kwa mabuku ndi ochuluka kuposa amene analowamo. Martin Machipisa Munthali anakhala m'ndende zaka 27, kuyambira 1965 mpaka 1992, zofanana ndi za Nelson Mandela, koma ana athu amadziwa Robben Island kuposa dzina lake. A Mboni za Yehova, amene chipembedzo chawo chinaletsedwa mu 1967 chifukwa chokana kugula makadi a chipani, anazunzidwa koopsa mu 1972, ndipo zikwizikwi anathawira ku Zambia, kumsasa wa Sinda Misale kuseri kwa malire omwewa, kumene ambiri anafa ndi matenda asanabwezedwe kumudzi. Cha m'ma 1975 ena ambiri anatsekeredwa ku Dzaleka m'boma la Dowa, malo amene kuyambira 1994 ndi msasa wa othawa kwawo. Anthu amenewa anali alimi, amisiri, amayi a ana kumsana. Nkhani zawo zili m'mabuku a mpingo wawo, m'makumbukiro a mabanja, ndi m'mafayilo a bwalo loona za chipukuta misozi limene malamulo a 1994 anakhazikitsa, kumene anthu ankafotokoza mazunzo awo polemba pa mafomu.

Mkaidi wa lero

Bakili Muluzi atangolowa m'boma mu 1994 analamula kuti ndende za Mikuyu, Dzaleka ndi Nsanje zitsekedwe. Mikuyu inakhalako malo okumbukirapo mbiri kwa kanthawi, kenaka inatsegulidwanso n'kulandira akaidi. Andende andale anatha, ndipo pamodzi nawo anatha alembi a m'ndende. Otsalamo ndi amene akhalamo nthawi zonse: mnyamata wogwidwa ndi ng'ombe yakuba akuiolotsa malire, wa kabaza wopezeka ndi matumba a chimanga kapena feteleza m'njira yozemba, womenya mnzake pamowa, mayi wolephera kulipira chindapusa. Ambiri a ku Mchinji ulendo wawo umathera ku Maula mu Lilongwe, mtunda wa makilomita oposa 100, kumene abale amafika mwa apo ndi apo chifukwa thiransipoti ndi yodula. Ena amakhala pa limandi miyezi ndi zaka, fayilo itasowa kapena mboni zitaleka kubwera.

Amene anakhalako amabwera ndi dziko lathunthu pakamwa. Amanena za nyapala, mkaidi wolamulira akaidi anzake, amene mawu ake usiku amaposa a msilikali. Amanena za kushamba, pakati pa selo pamene osauka ndi obwera kumene amachezera usiku atakhala tsonga, wina pakati pa miyendo ya mnzake, pamene a ndalama agona kukhoma. Amanena za mgaiwa ndi nandolo kamodzi pa tsiku, za mphere ndi chifuwa chachikulu, za mapemphero ndi makwaya, za malonda a sopo ndi fodya. Zimenezi si mphekesera chabe. Mu 2009, pa mlandu umene mkaidi Gable Masangano anasumira boma m'malo mwa akaidi onse, khoti linagamula kuti kuthithikana kotere n'kuzunza anthu, ndipo linapatsa boma miyezi 18 kuti lichepetse chiwerengerocho ndi theka. Vera Chirwa naye, atatuluka, anadzakhala nthumwi yapadera yoyendera ndende za mu Africa m'malo mwa bungwe la ufulu wa anthu la kontinentiyi, ndipo amene ankawapeza m'maselo sanali maloya anzake.

Fyodor Dostoevsky anatumizidwa ku Omsk mu 1850 pa mlandu wandale, koma buku limene analemba atatuluka, The House of the Dead, ladzaza ndi alimi, akuba ndi opha anthu amene anagona nawo chipinda chimodzi, aliyense ndi khalidwe lake ndi mbiri yake. Buku lotero, lolowa ndi wolakwa m'selo n'kukhala naye mpaka m'mawa, ndi limene Chichewa chikuyembekezabe. Kulemba za wosalakwa n'kopepukirapo, chifukwa wowerenga ali kale kumbali yako. Kulemba za amene anabadi ng'ombeyo, osamuyeretsa komanso osamusandutsa chilombo, kumafuna luso lokhwima.

Pakadali pano akaidi akudzifotokozera okha m'njira zimene sizifuna pepala. Kuyambira chaka cha 2000, alangizi a zamalamulo amene lero ali pansi pa bungwe la PASI akhala akulowa m'ndende ndi kugwiritsa ntchito masewero pophunzitsa: mkaidi wina amakhala woweruza, wina wapolisi, wina woimbidwa mlandu amene akuphunzira kupempha belo ndi pakamwa pake. Sewero lotere lili ndi phindu looneka, chifukwa amene waloweza bwino mbali yake atha kukagona kwawo. Ndipo mu 2013 Ian Brennan ndi Marilena Delli analoledwa kulowa m'ndende ya Zomba ndi zojambulira mawu. Anajambula amuna ndi akazi, ena opezeka olakwa pa milandu yakupha, ena akuba, ena asilikali a ndende amene ankaimba nawo limodzi, ndipo nyimbo zambiri zinali za m'Chichewa, zopekedwa ndi eni ake. Chimbale chake, I Have No Everything Here, chinatuluka mu 2015 ndipo chinasankhidwa kupikisana nawo pa mphoto za Grammy za 2016, koyamba m'mbiri ya dziko la Malawi. Mphotoyo anatenga ndi Angélique Kidjo wa ku Benin. Pamwambo wa ku Los Angeles oimba a ku Zomba sanapezekepo. Nthawi yotsekera maselo inapeza ambiri mwa iwo ali m'kati monga mwa masiku onse, ndipo chaka chomwecho anatulutsa chimbale chachiwiri.